Tsiku Limene a Genzo Adatsala Pamlatho

A Matsufuji Genzo adabadwira m'kanyumba kamene khomo lake lidayang'ana kumsewu, masitepe akuseri n'kutsikira m'ngalande, monga zilili nyumba zonse zakale m'tauni mwathu muno. Akuti mayi awo ankatsuka mpunga pamasitepe pomwepo pamene mimba idayamba kupotokola, ndipo adamaliza kaye kutsukako. Mwana adatuluka akukuwa. Amene adakula naye amalumbira kuti pakamwa pamenepo sipadatsekekenso.

Sukulu adaitsanzika msanga. Adayamba ntchito yotumbula mikunga palesitilanti ina, koma adawachotsa chifukwa pakamwa pakayamba kuyenda mpeni unkaima. Adapita ku Osaka kukagwira pafakitale, n'kubwerako chaka chisanathe, ati makina akumeneko ankawalanda mawu. Pomaliza adagwira nsungwi yokankhira bwato la alendo, ndipo mwayi wawo udagona pamenepo. Ntchito yake njoti munthu umaima kumbuyo kwa bwato, alendo atavula nsapato n'kukhala pansi mondondozana, opanda kothawira mpaka kukafika kudoko lakumunsi. Wolongolola angafunenso chiyani?

Anzawo ankaimbira alendo nyimbo zakale ndi kuwafotokozera za mafumu ankhondo amene adakumbitsa ngalandezi. A Genzo nawo ankaimba, koma malonda awo enieni anali anthu. Akamadutsa kuseri kwa nyumba ankaloza ndi chibwano. Apa, ankatero, m'pa a Otsubo ometa tsitsi, ndipo makasitomala awo mungawadziwe ndi khutu limodzi lalifupi. Apa m'pa a Nogami, amene tofu wawo, chakudya choumba ndi soya, ngolimba moti ana amagendera agalu. Alendo ankaseka mpaka bwato kupendama. Eni nyumba ankamva zonse, pakuti madzi amanyamula mawu kuposa lamya.

Koma amene adalawa kwambiri anali mayi Ezaki Tomie, a nyumba yomaliza musanafike pachipata cha miyala. Amuna awo adamwalira kalekale, komabe m'mawa uliwonse, pansungwi yoyanikira, pambali pa zovala zawo, ankapachikapo kabudula wamtali wamkati wachimuna. Chifukwa chake aliyense ankachidziwa: mayi wokhala yekha amatero kuti akuba aziyesa kuti m'nyumba muli mwamuna. A Genzo ankachidziwanso, ndipo bokosi la mwini kabudulayo adalinyamula nawo. Koma akafika pamenepo ankatsitsa mawu, kutsitsa kwake komveka mpaka kukachisi, n'kuuza alendo kuti agogo a muno, ndi zaka zawo makumi asanu ndi atatu, akubisa kamwamuna m'kabati. Mayi Ezaki ankangotseka zenera pang'onopang'ono. Akakumana pamsewu ankaweramira mpweya wa pambali pa a Genzo, n'kupitirira.

China chimene a Genzo adatchuka nacho ndi Mlatho wa Amisiri, wotsika kuposa milatho yonse. Oyendetsa ena akafika pamenepo amauza alendo kuti agwetse mitu, iwo n'kunyonyomala mpaka chipewa kukhudza mawondo. A Genzo ankati munthu wamkulu sanyonyomala pamaso pa alendo. Ankalikankha bwato mwamphamvu, n'kudzitukula ndi nsungwi kukwera pamlatho, kuwoloka msewu, kupereka moni kwa aliyense wodutsa panjinga, n'kulumphira kutsidya bwato likutuluka, n'kutera pamalo pomwe adachoka paja. Adachita zimenezi kuyambira tsitsi lili bii mpaka lidachita mbuu. Kunsi kwa mlathowo adapitako komaliza asanamere ndevu.

Chaka chimenechi, monga mwa nthawi zonse Febuluwale akamatha, adatseka zipata kuti madzi aphwe, tauni yonse n'kulowa m'matope ndi mafosholo kukazula zinyalala ndi njinga za anthu oledzera. Mabwato adagona pamtunda. M'masiku amenewo mwini mabwato, a Tsutsumi aang'ono, mwana wa amene adawalemba ntchito, adaitanira a Genzo pambali. Woyendetsa wina anali atathyoka mwendo potengera kulumphako, ndipo a Tsutsumi tulo tinali titawathawa. Adawerama mwaulemu wonse.

"Bambo Genzo, mudandinyamulapo ndili khanda, sindikuiwala. Koma tsiku limene mudzalumphenso, nsungwi mudzaipachike pakhoma, muzikapuma."

A Genzo adaseka, nati mwanayu wakula. Koma atafika kwawo adakhala pamasitepe kuyang'ana matope mpaka tiyi adazirala. Munda analibe, mkazi adapita kalekale kukapumitsa makutu kwa mchemwali wake ku Kumamoto ndipo akupumabe. Kuwachotsera nsungwi kunali kuwachotsera chifukwa chodzukira.

Tsiku lotsegula zipata, madzi amabwera atsopano, oyera mbee, ndipo amathamanga ngati akudziwa kuti achedwa. Bwato loyamba tsikulo lidali la a Genzo. Mudakwera amayi achikulire a ku Osaka, gulu lophunzira kuvina, pakamwa pawo pothwa ngati pa a Genzo pomwe. Kunja kunkazizira, motero pakati pa bwato padali tebulo lalifupi lofunditsidwa bulangete, kunsi kwake kuli mbaula ya makala, miyendo ya onse itabisala m'menemo.

Akuyandikira mlatho, mayi wina wa tsitsi lopaka utoto wofiirira adatukula mutu.

"Achimwene, amene tinamuona pa TV akulumpha mlatho uja ndi mdzukulu wanu eti? Nkhope ndi yomweyi. Koma uja anali ndi mawondo."

Anzake adaseka mpaka kupukuta misozi ndi bulangete. A Genzo adacheuka. Doko lakumtunda linali litabisika, lakumunsi linali kutali, a Tsutsumi analibe maso a mbalame. Adauza amayiwo kuti agwetse mitu, adaponda nsungwi pansi, adakankha.

Kukwera adakwera bwino, tisawanamizire. Msewu adawoloka ngati mnyamata wa dzana. Koma potukula mwendo kuti adumphe kampanda ka kutsidya, chinachake chidati thyo m'chiuno, ngati nsungwi youma. Adauma pomwepo, mwendo uli m'malere, mpweya utakana kulowa. Pansi pawo bwato lidatuluka, msanga kuposa masiku onse chifukwa cha madzi atsopano aja. Kumbuyo kwake, poima woyendetsa, padali pululu. Amayi a ku Osaka adadzutsa mitu, adawaona ali chilili pamlatho ndi nsungwi m'manja, ndipo adawaombera m'manja. Ankayesa kuti masewera ake ndi amenewo.

Chiyambire ntchito, a Genzo anali asanalionepo bwato lawo likuyenda iwo ali kunja. Madzi anali oyera moti pansi posesedwa paja pankaoneka ponse, ndipo bwato linkakhala ngati layandama mumlengalenga, mthunzi wake ukukwawa wokha pamchenga kunsi kwake. Nthambi za misondodzi zinkalisisita n'kulisiya. Maluwa oyera a mapulamu ankayoyoka kuchokera kumpanda wa kachisi n'kuyenda nalo limodzi ngati alipirira ulendo. Kakowa amene tsiku lililonse ankathawa akangomva mawu awo adangoima pamwala ndi mwendo umodzi, kulipenya likudutsa. Kunali zii. Tauni imene adakhala akuigulitsa moyo wawo wonse inali patsogolo pawo, makoma oyera ndi madenga akuda zitaima kawiri, kumwamba ndi m'madzi, ndipo sadaizindikire. Kwa kamphindi ngakhale chiuno adachiiwala.

Kenako adakumbuka chipata. Kumunsi ngalande imakhota, n'kukathera pachipata cha miyala chopanikiza moti bwato limadutsa ndi mpata wa chala mbali iyi ndi iyo. Bwato lopanda mwini likafika pamenepo madzi akuthamanga, limafika chopingasa n'kugunda. Ndipo m'bwatomo munali makala amoto, pansi pa bulangete, pakati pa miyendo ya azigogo.

Adatsitsa mwendo uja ndi manja onse awiri, nayamba ulendo wa pamsewu, atapindika ngati chikwakwa, nsungwi ikukwekwereza kumbuyo. Vuto nlakuti mbali imeneyo nyumba zidagundana khoma ndi khoma. Kuchoka pamsewu kuti ufike kumadzi, njira ndi m'nyumba mwa munthu. Ndipo mumsewu wonsewo munalibe khomo limene a Genzo akadagogoda nkhope ili yowala.

Pakati pa nyumba ya a Otsubo ndi yoyandikana nayo pali kampata kodutsa mphaka. A Genzo adasuzumira. Bwato linali likulunjika khoma pokhota paja. Pamasitepe padaima a Otsubo, lumo m'thumba, tsache lalitali m'manja, kumbuyo kwawo kuli kasitomala wa thovu tsaya limodzi. Adaliyembekezera, adaika tsache pamphuno pake, n'kulikankha pang'ono chabe, monga momwe munthu amatembenuzira mutu wa mwana pometa. Bwato lidamvera. Kasitomala uja adafuulira nyumba yotsatira kuti bwato la Genzo lilibe Genzo. Mawu a munthu wina adayankha kuchokera pazenera kuti ndiye lero makutu apuma. Koma mwini mawuwo anali akutsika kale masitepe.

Uthenga udathamanga kuposa madzi. Pakampata kotsatira a Genzo adaona a Nogami ndi mthiko wawo waukulu wovundulira soya, mikono ili mbuu, akulichotsa kukhoma. Kutsidya akazi a wansembe wa pakachisi adalilandira ndi chokokolera masamba, n'kulibwezera pakati. Mazenera ankatseguka, zitseko zakuseri zinkasereredwa, anthu ankatsika ndi chimene chinali pafupi: uyu ambulera, uyo mtengo wokolopera, winayo ndodo yake yoyendera. Palibe adalamula mnzake. Aliyense ankalikhudza kamodzi, mofatsa, n'kulipereka kwa wotsatira, ngati mbale ya tiyi yodzaza mpaka m'milomo. Nthabwala zinali zitatha. Amayi a ku Osaka, amene kwawo sakhala chete ngakhale pamaliro, anali duu, akungoweramira munthu aliyense amene ankamudutsa. A Genzo ankapita kampata ndi kampata, thukuta lili kamukamu m'nyengo yozizira, akuona anthu amene adawadya ndi pakamwa zaka zonsezi akuyendetsa bwato lawo bwino kuposa ena ophunzira ntchitoyi.

Koma kukankha sikuimitsa. Nyumba zinali kutha, ndipo yotsala inali imodzi.

Adafika pakhomo pa mayi Ezaki akupumira m'mwamba. Chitseko sichinali chokhoma. Adaima pamenepo, mkulu wa zaka zoposa makumi asanu ndi limodzi, akuchita manyazi ngati mwana woba mapichesi.

"Odi kuno. Odi, mayi."

Mawu adachokera kuseri kwenikweni, osafulumira. "Ndani?"

"Ndine Matsufuji."

"Matsufuji wake uti? Wa pakamwa uja?"

"Yemweyo, mayi."

"Lowa, Gen. Koma nsapato uvule. Ndakolopa m'mawa."

Nsapato za oyendetsa mabwato nzansalu, zogawika chala chachikulu, ndipo zimamangidwa kumbuyo ndi tizitsulo tondondozana mpaka m'katumba. Munthu wa chiuno chabwino amatukwana pozivula. A Genzo adadzigwetsa pakhomopo, misozi ili mbwembwembwe ndi ululu, n'kumamasula kachitsulo kamodzikamodzi. Wina angafunse kuti pangozi yotere bwanji sadangolowa nazo. Ameneyo si wakuno. Atazivula adaziikanso bwino, zala zikuloza kunja, monga adawaphunzitsira mayi awo.

Nyumbayo njaitali ngati mkunga. Adadutsamo chokwawa ndi nsungwi yawo, imene idaboola chitseko cha pepala n'kugwetsa kalendala. Adadutsa pakaguwa pomwe padali chithunzi cha malemu a Ezaki, patsogolo pake pali kambale ka mpunga ndi tiyi wofuka nthunzi. Maso adawakanika kuyang'anapo kawiri.

Kuseri adapeza mayi Ezaki atakhala pasitepe yomaliza, mapazi a m'masilipasi atawaponda pamwala, nsungwi yoyanikira ataikumbatira pachifuwa. Nsonga inayo adaigwira amayi a ku Osaka, onse pamodzi, manja pamwamba pa manja. Pakati pa nsungwiyo, pamwamba pa madzi, kabudula uja ankalendewera ali phee. Bwato linali litaima, likunjenjemera, kumbuyo kwake kukukhotera kuchipata chimene chinkalira pafupi pomwepo. Mikono ya mayi Ezaki njowonda ngati timitengo todyera, ndipo mitsempha inali itatupa, koma nkhope inali ngati ya munthu amene akudikira basi.

A Genzo adatsetserekera m'bwato, adaimika nsungwi yawo pansi, adaitsamira ndi phewa. Bwato lidaongoka. Apo m'pamene amayi aja adapuma, ndipo wa tsitsi lofiirira uja, pofuna kuseketsa anthu, adafunsa agogowo kuti kabudula wokongolayu ngwa ndani.

"Funsani uyu," adatero mayi Ezaki. "Amadziwa za m'nyumba muno kuposa ine."

Pamasitepe a nyumba zakumtunda anthu anali adakaimabe ndi matsache awo. Madzi amanyamula mawu, paja. A Genzo adavula chipewa.

"Ngwa malemu a Ezaki," adatero, mosatsitsa mawu. "M'nyumba muno simudalowepo wina."

Mayi Ezaki adawayang'ana m'maso, koyamba pa zaka zambirimbiri. Adachotsa kabudula pansungwi, adamupinda bwinobwino, adamuika pasitepe yapamwamba. Kenako adati ndi chiuno chimenecho chipata sangachidutse yekha, ndipo asanayankhe munthu, adaponda m'bwato n'kukakhala kutsogolo ndi nsungwi yawo yoyanikira. Chikwatiwire m'nyumba imeneyo, bwato la alendo anali asanalikwerepo. Akuno sitikwera. Timangoliona likudutsa tikutsuka mbale.

Adalowa m'chipata mwakachetechete. Miyala yakale, yonyowa, yomera ndere, idawazinga mbali zonse, kuzizira kwake ngati mpweya wa m'chitsime. Madzi ankalira kunsi kwa matabwa. Kutsogolo nsonga ya nsungwi ya agogo inkati go apa, go apo, kumbuyo a Genzo akuluma mano. Bwato silidakhudze mwala. Adatulukira pamadzi otakasuka a kuseri kwa linga lakale la mafumu ankhondo aja, dzuwa litamwazika ponseponse moti onse adatsinzina.

Padoko a Tsutsumi anali ataima, foni m'manja. M'tauni ino nkhani siidikira bwato. Amayi a ku Osaka adatsika akuyamikira kuti ulendo wotere sadauonepo, n'kufunsa ngati anthu a kuno amatuluka chonchi tsiku lililonse. A Tsutsumi adawaweramira mpaka adakwera basi yawo. Kenako adatembenuka, adayang'ana mapazi a a Genzo opanda nsapato, adatambasula dzanja. A Genzo adapereka nsungwi. Idakapachikidwa pakhoma.

Mayi Ezaki anali adakali m'bwato, miyendo ili m'bulangete, akuotha makala a eni ake. A Tsutsumi adawathokoza mpaka mphumi kufuna kugunda matabwa, nati awaperekeze pagalimoto.

"Ndatuluka ndi masilipasi a m'nyumba, mwanawe. Ndiponde nawo msewu? Ndabwera pamadzi, ndibwerera pamadzi."

A Tsutsumi adati aitana woyendetsa wina.

"Wina wa chiyani? Uyu ali ndi nsapato kwanga, ndi chitseko changa choti amate." Adakonza bulangete. "Ndipo tamvera. Ukamuchotsa pamadzi ameneyu, azidzalongolola pamsewu, pakhomo pathu penipeni. Musiye kuseri komweko. Kuseri timatseka zenera."

A Tsutsumi adayang'ana kumwamba, adayang'ana pansi, adapukuta foni pamalaya ngati yalakwa ndiyo. Mabwato awo amadutsa kuseri kwa nyumba za anthu, ndipo mawu a agogo a nyumba yomaliza sangawataye m'madzi. Adapita kukhoma.

"Kunsi kwa mlatho, bambo," adatero popereka nsungwi. "Tsiku lililonse, kunsi."

Momwe a Genzo adakankhira bwato kukwera madzi ndi chiuno chimenecho, akudziwa ndi iwo ndi nsungwi yawo. Atafika pamasitepe a mayi Ezaki adafuna kukocheza, koma agogowo adati apitirire, akufuna aone kuseri kwa nyumba za anzawo kumene anthu a ku Tokyo amalipira kuti akuone. Adapitirira. Panyumba iliyonse a Genzo ankawerama momwe chiuno chidalolera. A Otsubo adawafunsa ngati akufuna kumetedwa, ati khutu limodzi ndi laulere.

Pa Mlatho wa Amisiri kunyonyomala kudakanika. Adagoneka nsungwi m'bwato, nawonso n'kugona chagada pamatabwa, n'kumakankha mwala wa pamwamba ndi zikhatho. Mayi Ezaki, amene ngaafupi kale, adangopendeketsa mutu.

Dzuwa linali litapendeka, ndipo linkagwa pamadzi n'kudumphira kunsi kwa mlatho. Mwala wonse unali wamoyo. Kuwala kunkayenda pamenepo ngati ukonde wagolide woluka n'kumasuka, woluka n'kumasuka, kukwera m'ming'alu, kudutsa pazisa zakale za anamzeze, kutsikira pamanja pawo ndi pankhope ya agogo. A Genzo adasiya kukankha. Adagwira mwala kuti bwato lisabwerere, n'kungokhala chagada, kukamwa kuli yasa, mopanda liwu.

Mayi Ezaki adadikira. Pamwamba padadutsa njinga, kenako galimoto ya a Nogami.

"Watani, Gen? Wafa?"

"Ayi, mayi."

"Nanga?"

"Tayang'anani kumwambaku."

Agogowo adatukula maso. Adakhala choncho awiriwo, kunsi kwa mlatho, mpaka makala adazima.